Dothi la ku Shedi

M'nyumba ya amayi anga simunalowepo chiswe. Nsikidzi, utitiri, mphemvu, ngakhale linthumbu limene linkatulutsa anzathu m'nyumba nthawi ya dzinja, zonsezi zinkafika pakhonde n'kubwerera. Amayi ankanyadira zimenezi kuposa mmene ankanyadira ine, ndipo sindikuwanamizira, ankanena okha. Mlendo akafika, asanamwe n'komwe madzi, ankamulozera mitengo ya kudenga. "Gogodani mumve. Anaika ndi malemu amuna anga, mpaka lero ili gwa."

Chifukwa chake aliyense ankachidziwa. Kumtunda kwa nyumba zathu, kumapeto kwa komboni ya Nabvutika komwe njira imayamba kukwera phiri, kunali shedi yakale ya malata. Ine ndisanabadwe, anthu ena ogula thonje ankasungiramo mankhwala opopera m'minda. Ntchito yawo itagwa anakhoma chitseko n'kumapita, migolo ya mankhwala anaisiya momwemo. Malata anachita dzimbiri, ena anapita ndi mphepo, ena anapita ndi anthu. Mvula inkagwera pa migoloyo mpaka inabooka, ndipo zamkatimo zinkadontha chaka ndi chaka n'kumalowa m'nthaka. Pozungulira shediyo sipankamera ngakhale chisoso. Nkhuku sizinkapalasapo.

Amayi a kwathu ndi anthu a maso akuthwa. Iwo anaona kuti pamalopo panalibenso nyerere, ndipo nkhani inayambira pomwepo. Aliyense wofuna kuzira nyumba ankakwera ndi beseni kukatapa dothi la ku shedi. Linali lofiira moderako, lamafutamafuta, lonunkha ngati palafini wokhalitsa. Ukazira nalo pansi pankawala, ndipo kachilombo kalikonse kankasamuka. Ena ankamata nalo nkhokwe kuti anankafumbwe asayandikire chimanga. Mtsikana akalowa m'banja chapafupi, amayi ake ankamutengera beseni loyamba okha, monga mmene ankamupatsira mthiko ndi chipande. Fungo lake ife tinkaliyesa fungo la nyumba yaukhondo. Ndikamapita kocheza kwa anzanga a m'tauni, nyumba zawo za simenti ndinkaziona ngati zosasamalika.

Ndinabwerera m'nyumba imeneyi ndili wamkulu, mwana ali kudzanja. Amuna anga ankayendetsa lole yodutsa malire pa Mwami, ndipo tsiku lina anabwera nawo m'bokosi. Kwawo ndi ku Kasenengwa, kwa Angoni, ndipo ng'ombe za malowolo anali atapereka zonse. Choncho maliro atatha, apongozi anga, amayi a malemuwo, anandikhazika pansi n'kundiuza mofatsa kuti ine ndikhoza kupita, koma mwana ndi wa pamudzi pawo. Pakamwa panga sipachedwa. Ndinawayankha mawu amene mkamwini kapena mtengwa aliyense wolongosoka sangayankhe, anthu a pamaliro akumva, ndipo ndinanyamula mwana wanga n'kukakwera galimoto osatsanzika. Mwanayo anali ndi zaka zinayi. Amuna anapita, katundu anagawana abale, nyumba ya lendi ndinaisiya. Chimene ndinatsala nacho ndi kamtsikana kameneko basi, ndipo ndinalumbira kuti palibe amene adzandilande.

Kwa amayi tinkagona pamphasa, pansi pozira bwino paja. Ine m'mawa ndinkapita kumsika kukagulitsa salaula, zovala zakale zochokera kunja, mwana ankatsala ndi ambuya ake. Tsiku lozira linali tsiku lake lachisangalalo. Ankalowetsa manja m'beseni mpaka m'zigongono, n'kumaumba timiphika, n'kumatiyanika pakhonde.

Chifuwa chinayamba chaka chomwecho. Poyamba tinati ndi fumbi la mwezi wa Okutobala. Kenako tinati ndi chisanu. Kenako tinasowa chonena, chifukwa mwana ankatsokomola dzuwa likawala, mvula ikagwa, pa Sabata ndi pakati pa mlungu. M'manja ndi m'miyendo munatuluka ziwengo zosamva mafuta. Nthawi zina mpweya unkamuthera, m'chifuwa mukulira ngati mluzu, maso ali pa ine kuti ndichitepo kanthu. Ku kiliniki ankandidziwa ngati wantchito wa pomwepo. Ankatipatsa mankhwala, mwana ankapezako bwino masiku ochepa, zinkayambiranso. Amayi a mvano anabwera kudzapemphera. Amayi anga ankati akakula zidzatha, n'kutenga beseni kukaziranso chipinda chathu kuti mwana wodwala asagone pafumbi.

Boma linabwera mwana atayamba kumene sukulu. Tinangoona magalimoto oyera akukwera njira ya kuphiri, kenako anthu akuzika mitengo n'kumanga waya kuzungulira shedi. Patapita masiku kunabwera amuna ovala zoyera kuyambira kumutu mpaka kumapazi, nkhope zobisika, ngati anthu okafula njuchi. Ana ankawathamangira, agalu ankawauwa. Ife akuluakulu tinkaseka. Tinkati taonani anthu ophunzira, kuopa dothi limene agogo opanda mano amatapa ndi manja.

Anatiitanira msonkhano pabwalo la sukulu. Amene ankatsogolera ntchitoyo anali mayi wachitsikana wochokera ku Lusaka, woonda, wovala jombo zazikulu kuposa miyendo yake. Tonse tinkangomutchula kuti madamu. Anafotokoza kuti boma lili ndi ntchito yochotsa mankhwala akale oopsa amene anasiyidwa m'malo osiyanasiyana, ndipo shedi yathu ndi amodzi mwa malo amenewo. Migolo adzaiika m'migolo ina yatsopano, dothi adzalikumba ndi katapila, zonse adzapita nazo kutali komwe kuli zipangizo zoziwonongera. Ankayankhula Chinyanja cha ku Lusaka, ndipo kumbuyo atsikana ankamuyeserera.

"Manje mverani bwino," anatero. "Ija doti ni poizoni. Osagwira na manja. Osapema fumbi yake. Bana basayandikire waya. Ngati mwaponda mwangozi, sambani na sopo pamene apo."

Kuseka kunatha. Amayi tinayamba kuyang'anana, wina kuyang'ana manja ake, wina kuyang'ana pansi. Ine ndinakumbuka kuti m'mawa womwewo ndinali nditadzutsa mwana wanga tsaya lake lili pansi, atagubuduka kuchoka pamphasa.

Ndinaimirira osakweza n'komwe dzanja. "Madamu, nanga ife amene tinazira nalo m'nyumba?"

Sanamve. Mphunzitsi wina anamufotokozera m'Chingerezi kuti kuzira n'kutani. Ndinaona nkhope yake ikusintha pang'onopang'ono.

"Nyumba zingati?" anafunsa.

Kenako anati amene anachitapo zimenezi akweze manja. Manja anakwera, poyamba ochepa, kenako pafupifupi bwalo lonse. Amayi anga sanakweze. Anakhala atapinda manja pachifuwa, ndipo pobwerera kunyumba anandikalipira njira yonse kuti ndawachititsa manyazi pamaso pa kamtsikana kosadziwa kugwira tsache. "Ndakulerera m'dothi limeneli iwe. Unafa? Si ndiwe ukulongolola apayu?"

Mawa lake sindinapite kumsika. Ndinakaima pa waya kuyambira m'mawa, mlonda akundithamangitsa, ine ndikubwerera, mpaka madamu aja anatuluka nthawi ya nkhomaliro. Ndinawauza za mwana. Anandimvetsera akupukuta thukuta, kenako anati tiyeni ndikaone.

Amayi anawalandira mwaulemu wozizira, kuwapatsa mpando, osawalozera mitengo ya kudenga. Madamu analowa m'chipinda chathu, anagwada, ananunkhiza. Kenako anachita chinthu chimene mpaka lero chimandibwerera m'maso. Anapisa m'thumba, anatulutsa masiki yotseka mphuno ndi pakamwa, n'kuvala. M'chipinda chathu chogona. Mwana wanga anali atakhala pomwepo pamphasa, miyendo ili tambalale, akudya mbatata imene inali itagwera pansi iye n'kuitola. Anawayang'ana madamuwo n'kuseka, kuyesa ndi masewera. Madamu nawo anazindikira chimene achita, anafuna kuvula, dzanja linaima m'malere, koma sanavule.

Anapala dothi pang'ono ndi kampeni n'kuliika m'kabotolo. Titatuluka panja ndinawafunsa mosazungulira ngati dothi ndi limene likudwalitsa mwana wanga.

"Sindine dokotala, amayi," anatero, ulendo uno akuyesetsa kuyankhula ngati ife. "Sindinganene kuti ndi ichi. Koma akanakhala wanga, sakanagona muno."

"Ndiye bwerani ndi katapila wanu muchotse."

Anapukusa mutu. Anati ntchito imene anapatsidwa imathera pa waya. Amene anayeza malowo zaka zam'mbuyo anayeza shedi ndi bwalo lake, ndipo palibe anaganizako kuti dothi likhoza kuchoka pamalo n'kukalowa m'nyumba za anthu pamitu ya amayi. Anati adzauza akuluakulu ake, ndipo ndikukhulupirira kuti anawauzadi. Anandilangizanso kuti ndikadandaule ku maofesi a m'tauni.

Ndinapita. Sindikufuna kutaya nthawi yanu ndi nkhani ya maofesi, chifukwa aliyense amene anakhalapo pa benchi la boma akuidziwa. A zaumoyo anati nkhani ya mankhwala a m'minda ndi ya a zaulimi. A zaulimi anati imeneyo ndi ya a zachilengedwe. Kumeneko anati zonse zokhudza nyumba za m'makomboni ndi za ena, ndipo bwana wawo wapita ku semina. Bambo wina wa tayi anandifunsa kuti anatiuza ndani kukatapa dothi pamalo a eni ake. Ndinamufunsa kuti nanga iye anali kuti zaka zonse zimene migolo inkadontha ana akusewera pomwepo, ndipo mlonda ananditulutsa atandigwira mkono. Ndinakhala pamwala kunja kwa mpanda n'kulira ngati wofedwa, anthu a njinga akundiyang'ana.

Kunyumba tinayesa zimene tikanatha. Mwana tinamusamutsira pabedi la amayi, iwo n'kutsikira pamphasa akung'ung'udza. Tinayala masaka pansi. Chifuwa sichinasinthe. Nkhani inafika ku Kasenengwa, poti nkhani zotere sizisowa wokwera nazo galimoto, ndipo apongozi anandiimbira foni. Sanakalipe. Anangoti amva kuti mwana akukhala m'nyumba ya poizoni, ndipo kwawo kuli mpweya wabwino, kuli mkaka, kuli sukulu pafupi. Ndinawayankha kuti boma likukonza zonse, mwana ali bwino, n'kudula foni. Ndinkadziwa mwambo wa kwawo. Mwana amene wamubweretsa wekha pamudzi pa bambo ake sungadzamutengenso ngati mtolo umene unasungitsa.

Kumtunda ntchito inkayenda. Malole ankatsika atafunditsidwa malona, n'kulowera msewu waukulu wa ku Lusaka. Dzenje linkakula, ndipo anayamba kubweretsa dothi lina latsopano lokwirira. Tsiku lina mlonda anandiuza kuti kwatsala malole omaliza, mlungu ukamatha anthuwa azipita. Mutu unandiima. Ndinaona kuti akapita, ndiye kuti dothi loipa lotsala m'dera lonse likhala la m'nyumba zathu, pomwe shedi, imene simugona munthu, idzakhala yoyera.

M'mawa mwake ndinabwereka piki ndi wilibala, mwana ndinamusiya kwa mnzanga wa kumsika, ndinatulutsa katundu yense panja. Amayi anakhala pakhomo kunditsekera njira.

"Ukumba nyumba ya atate ako?"

"Ndikumba pansi pokha, amama. Sunthani."

"Ndazira pamenepa zaka zonse ndi manja angawa. Msana unapindika chifukwa cha pansi pamenepa. Lero ukuti ndimapha mdzukulu wanga?"

"Sindinanene kuti ndinu."

"Nanga ndani?"

Ndinalibe nthawi. Ndinawadumpha miyendo, chinthu chimene kwathu mwana sachita kwa kholo, ndinamanga chitenje pamphuno, n'kukhoma piki pakati pa chipinda. Pansi paja panali polimba ngati mwala. Pong'ambika pankaoneka mizere, kuzira kwa chaka china pamwamba pa kwa chaka china, kutsika pafupifupi chikhatho chonse. Fungo linatuluka lamphamvu moti maso ankayabwa. Ndinakumba, ndinawolera m'masaka, ndinakumbanso. Manja anatuluka matuza, matuzawo anaphulika. Dzuwa litafika pamutu ndinamva fosholo ikupala kumbuyo kwanga. Anali amayi. Sanandiyang'ane, ankangowola dothi lawo n'kumathira m'thumba, misozi ikugwera momwemo.

Kukankha wilibala yodzaza kukwera nayo phiri lija si ntchito ya munthu wamkazi amene sanadye. Ndinkayenda pang'ono, kupuma, tayala likulira. Anthu anatuluka m'nyumba kudzaonerera. Pa ulendo wachiwiri ndinaona mayi wina wa pafupi nafe akutuluka ndi beseni pamutu. Pa ulendo wotsatira anali ambiri, ena ndi zidebe, ena ndi masaka pa njinga, mzere wonse kukwera njira yomwe ija imene amayi athu ankatsika nayo. Palibe ankaimba, palibe ankacheza.

Mlonda anakana kutsegula. Ine ndinamuuza kuti akapanda kutsegula ndikhuthulira pa mapazi ake, ndipo ankandidziwa kuti ndichitadi. Phokoso litakula madamu anabwera. Anayang'ana mzere uja, anayang'ana lole imene inali isanadzaze, anapita pambali n'kuyankhula pa foni nthawi yaitali, akuponya dzanja m'mwamba. Atabwerera sanatiuze zimene amuyankha. Anangouza amuna ovala zoyera aja kuti alandire masaka onse, ndipo ife anatilozera pa thanki kuti tisambe ndi sopo mpaka m'mapewa.

Thumba langa lomaliza litakwera pa lole ndinamva thupi lonse kupepuka. Ndinaseka, ndinawagwira madamu dzanja ndi manja anga onse awiri. Mumtima ndinali nditayamba kale kukonza zoti ndikapeza simenti ndidzawaka pansi, mwana adzachira, ndipo apongozi ndidzawaimbira ndekha foni kuti amve mmene akupumira.

"Mwachotsa lonse?" anafunsa madamu.

"Lonse. Mpaka ndafika pa dothi la Mulungu."

Amayi anali atanditsatira pa ulendo womalizawo, akutsimphina, ndipo anali ataima pambali atagwira waya. Anayankhula motsitsa, osayang'ana ine koma madamu.

"Mwana wanga, nanga zipupa?"

"Zipupa zatani, amama?" anafunsa madamu.

"Zidina zonse za nyumba ija amuna anga anaumbira kuno. Kuseri uko, pamene mwakumba dzenje lalikulupo, panali nkhuti yawo. Ankati chiswe chisadzakwere khoma. Sanaotche. Anangoumba, kuyanika, n'kumanga."

Ine zimenezi sindinkazidziwa. Nyumba inamangidwa ndili kumsana. Ndinayang'ana amayi, ndinayang'ana manja anga ong'ambikawo, ndipo ndinangokhala pansi pafumbi pomwepo. Madamu anavula chipewa chawo cholimba chija n'kuchigwira pamimba.

"Amama," anatero, "nyumba sitinganyamule."

Anachoka mlungu womwewo monga ananenera mlonda. Pamalo pa shedi anasalaza bwino, anadzala udzu, anaika chikwangwani. Zotsatira za kabotolo kaja sindinazimve. Madamu anandiimbirapo kamodzi kunena kuti nkhani ya nyumba zathu anaipereka ndipo mwina idzalowa mu ntchito ina ikadzapezeka, koma mawu awo anali a munthu amene sakufuna kukunamiza komanso sakufuna kukuliza.

Mvula yoyamba inagwa patangopita milungu yochepa. Zipupa zitanyowa, fungo lija linabwerera, lochokera m'mbali zonse zinayi. Tsopano poti ndinali nditalidziwa, ndinkalimva paliponse, m'zovala, m'madzi akumwa, m'tsitsi la mwana. Ndinayesa kupeza chipinda cha lendi, koma salaula wa nthawi ya dzinja sangadyetse anthu atatu n'kulipiranso nyumba, ndipo zipinda zimene ndikanakwanitsa zinali za m'dera lomwelo, zozira ndi dothi lomwelo. Kugwetsa nyumba n'kumanga ina kunali ngati kulota. Loweruka lina masana mwana anabanika kuposa kale lonse. Milomo inada, thupi linalefuka, ndinathamanga naye kumsana mpaka kumsewu ndikukuwa kuti wa njinga aime. Ku kiliniki atamubwezeretsa mpweya, namwino wina amene ankatidziwa anandikokera pakhonde.

"Amake mwana, kulibe kwina kumene angakakhaleko? Ulendo wina simudzafika naye kuno."

Kunali kwina. Ndinali ndikukudziwa kuyambira tsiku la msonkhano.

Tinapita ku Kasenengwa Lachiwiri, tinthu take tili m'chikwama chimodzi. M'galimoto ankandifunsa mayina a midzi, ine ndinkayankha osamva zimene ndikunena. Apongozi tinawapeza akusenda mtedza pakhonde. Ndinagwada patali, monga ndinayenera kugwadira pa tsiku la maliro lija, ndipo mawu amene ndinakonza njira yonse anathawa. Ndinangoti, "Amayi, ndabwera naye."

Ndinkayembekeza kuti andikumbutsa zonse. Bwenzi zitandipepukira, chifukwa ndikanapsa mtima, ndipo kupsa mtima ndimakutha. Koma iwo anapukuta manja pachitenje, anamunyamula mwanayo, anaika khutu pachifuwa pake n'kumvetsera. Kenako anati, "Mwachita bwino, amake mwana. Pano ndi pakwawo." Mawu omalizawo anawanena mofatsa, koma tonse awiri tinamva tanthauzo lake. Ndinatsanzika mwana akuonetsedwa ana a mbuzi, kuti asandione ndikuchoka.

Ndinapirira mwezi ndi theka ndisanapiteko. Amayi anga masiku amenewo anasiya kuyankhula zambiri. Ankakhala panja tsiku lonse, ngakhale kukuwaza, n'kumalowa m'nyumba pokhapokha tulo tikawagwira.

Tsiku limene ndinapita ndinatsika galimoto pamsewu n'kuyenda wapansi kudutsa m'minda ya chimanga. Ndisanafike pamudzi ndinaona gulu la ana likuthamangitsa ng'ombe kuchokera kudambo, ndipo patsogolo penipeni panali kamtsikana kakuda bii ndi dzuwa, kopanda nsapato, kakukuwa kuposa onse. Sindinakazindikire mpaka katandithamangira n'kundigwera m'miyendo. Masaya anali atatuluka. Ziwengo zinali zitauma, kutsala timabala toyera. Anathamanga mtunda wonsewo ndipo ankapuma ngati mwana wina aliyense.

Ndinakhala naye tsiku lonse. Anandionetsa kumene amagona, mbuzi imene anamupatsa, mtengo umene amakwera. Ine ndinkangomvetsera chifuwa chake. Ndinamvetsera akudya, akuseka, akumwa madzi mothamanga. Mulungu andikhululukire, mumtima ndinkafuna atatsokomola kamodzi kokha, kuti ndinene kuti mwaona, si nyumba ija, ngakhale kuno akudwala, ndipatseni mwana wanga ndizipita naye. Sanatsokomole.

Dzuwa litapendeka apongozi anandimangira mtedza ndi maungu awiri, n'kumuuza mwana kuti andiperekeze mpaka pa mtengo wa mango. Anandigwira dzanja njira yonse akulongolola za mbuzi yake. Titafika pamtengopo anandiyang'ana.

"Amama, mubweranso liti kudzationa?"

Ndinamuuza kuti posachedwa. Anandisiya dzanja n'kuthamanga kubwerera kumudzi, chifukwa inali nthawi yotsekera mbuzi m'khola. Ndinaima pomwepo mpaka analowa pakati pa nyumba, kenako ndinasenza maungu aja n'kumapita kumsewu.